Maliro a mleme

Munthu akamagula chambo pamsika wa Limbe kapena m'mbali mwa msewu ku Mangochi safunsa kuti ndi chambo chanji. Amaona kukula kwake, amachiyang'ana m'maso kuti adziwe ngati ndi cha lero, kenaka amayamba kunenerera mtengo. Kwa ife ogula, chambo ndi chambo basi. Koma asodzi akale a kummwera kwa nyanja sankaona choncho. Iwo ankadziwa chimene chimakonda madzi akuya ndi chimene chimayandikira kugombe, cha mutu waukulu ndi cha mutu waung'ono, chimene chachimuna chake chimada bii nthawi yoswana ndi chimene chimayera kumutu. China ankachitcha lidole, china saka, ndipo tiana take mpaka lero timatchedwa kasawala.

Akatswiri a sayansi anachita kutsata m'mapazi mwa asodziwa. Chambo choyamba kulowa m'mabuku a ku Ulaya chinatengedwa ndi John Kirk, dokotala amene anali pa ulendo wa David Livingstone, ndipo mu 1864 Albert Günther wa ku British Museum ku London anachitcha squamipinnis. Mu 1941 Ethelwynn Trewavas, mayi amene anathera moyo wake wonse akufufuza nsomba, analemba mitundu ina iwiri: karongae, potengera Karonga, ndi lidole, dzina limene anangolitola pakamwa pa asodzi. Rosemary Lowe, amene anafika kunyanja kuno mu 1945 akadali mtsikana, anawonjezerapo saka. Patapita zaka, ena atapima bwino anaona kuti saka ndi karongae yemweyo, ndipo anafufuta mzere umene unkazilekanitsa. Nalo dzina la gulu lonse linasintha. Kwa nthawi yaitali chambo chinali mu Tilapia, koma pofika mu 1983 Trewavas anali atachisamutsira mu Oreochromis, chifukwa chachikazi chimafungatira mazira ndi ana m'kamwa pamene Tilapia weniweni amasamalira ana ake pansi.

Wina atha kufunsa kuti zonsezi n'zothandiza chiyani, poti mumphika zonse zimapsa chimodzimodzi. Yankho linaoneka mu 2018, pamene bungwe loona za chilengedwe la IUCN linalemba mitundu itatu yonseyi pa mndandanda wa zamoyo zimene zatsala pang'onong'ono kutheratu, nkunenanso kuti lidole mwina linatha kale. Tikanakhala ndi dzina limodzi lokha, bwenzi tikungoti chambo chachepa masiku ano, chakwera mtengo. Sitikanadziwa kuti m'kati mwa kuchepako muli mtundu wathunthu umene wasowa, mtundu umene kulibe kwina kulikonse padziko lapansi kumene ungakaupeze. Pamsika sipaoneka kanthu, chifukwa makumba a m'madamu amagulitsidwanso pa dzina la chambo, ndipo wogula amapita kwawo wosangalala. Ine zimenezi zimandipweteka mtima. Chinthu chimene sunachipatse malo akeake m'maganizo mwako chimatha kufa uli pomwepo, iwe osalira nkomwe.

Nchifukwa chake sindigwirizana ndi anthu amene amati kugawa zinthu m'magulu ndi khalidwe loipa limene tiyenera kulisiya. Palibe amene angalisiye. Mwana akamaphunzira kuyankhula amakhala akusanja dziko: ichi n'chodya, ichi chiluma, awa ndi amayi, awa ndi alendo. Vuto lili pena.

Nyanja yomweyi imationetsa kuti mizere imene timalemba si yolimba monga timaganizira. M'menemo muli mitundu ya nsomba za m'banja la chambo yokwana mazanamazana, ena amati 800, ena amati 1,000, ndipo kusiyana kwa ziwerengeroku sikuchokera pa ulesi wa owerenga. Tengani mbuna, tinsomba tokongola ta m'miyala. Pa chilumba china tachimuna timakhala tobiriwira ndi mizere yakuda, pa miyala ina chapafupi pomwepo timakhala ndi chipsepse chachikasu. Thupi n'limodzi, mano ndi amodzi, chakudya n'chimodzi. Kodi imeneyi ndi mitundu iwiri kapena umodzi? Mu 1942 Ernst Mayr anapereka muyeso umene ambiri amaphunzitsa m'sukulu, wakuti zamoyo ndi za mtundu umodzi ngati m'chilengedwe zimakwerana nkubala ana oberekanso. Koma mbuna zambiri zimene m'nyanja sizikwerana, chifukwa zazikazi zimasankha mwamuna poona mtundu wa khungu lake, zikatsekeredwa pamodzi m'thanki zimatha kukwerana ndithu, ana ake nkumaberekanso. Ofufuza amene mu 2018 anayerekeza DNA ya nsomba za m'nyanjayi anapeza kuti mitundu yosiyana imasiyana ndi pakati pa 0.1 ndi 0.25 pa 100 aliwonse, kuchepa kwambiri poyerekeza ndi kusiyana kwa munthu ndi chimpanzi. Nsombazi zidakali m'njira, zikupatukana tikuziona, ndipo katswiri woona mtima amavomera kuti pamene waika malire mnzake akhoza kuwasuntha. Charles Darwin ananena kale mu 1859 kuti malire a pakati pa mtundu ndi mtundu amaikidwa ndi anthu pofuna kuti ntchito iwapepukire.

Kumudzi kwathu maphunziro otere ndinawapezera pa bowa. Mvula ikagwa masiku angapo, amayi ankalawirira kutchire ndi lichero, ife ana tili pambuyo. Ankadziwa utale wa pachulu, manyame ofiirira a pansi pa mitengo ya msuku ndi mombo, ndelema yoyera yoterera. Aliyense anali ndi dzina lake, malo ake, sabata yake yotulukira ndi kaphikidwe kake. Koma ukazula wina wosadyedwa nkuwaonetsa, ankangoti, “Taya, n'chirombo chimenecho,” osataya nthawi kumupatsa dzina. Brian Morris, Mngelezi amene anagwirapo ntchito m'minda ya tiyi kuno asanakhale katswiri wa chikhalidwe cha anthu, analemba zambiri za nzeru imeneyi, ndipo anaona kuti amayi a kuno amaika bowa pafupi ndi nyama kusiyana ndi masamba. Sayansi inatenga nthawi yaitali ikumuwerengera bowa pamodzi ndi zomera, mpaka mu 1969 pamene Robert Whittaker anamupatsa gulu lakelake, ndipo pambuyo pake kunadziwika kuti pa chibale bowa ali pafupi ndi nyama kuposa mitengo.

Sindikunena kuti amayi anatsogola sayansi, chifukwa iwo ankanena za kakomedwe pamene akatswiri ankanena za makolo a zamoyo. Chimene chimandichititsa chidwi ndi ndelema. M'mabuku ali m'gulu la Amanita, limodzi ndi Amanita phalloides, bowa amene amapha anthu ambiri kuposa wina aliyense padziko. Katswiri amawaika pamodzi, mayi wa kumudzi amawalekanitsa kutalitali, ndipo onse awiri akulondola. Wina akufunsa kuti anachokera kuti, wina akufunsa ngati ana ake adzuke mawa. Gulu lililonse limene munthu amapanga ndi yankho la funso linalake. Tikaiwala funsolo timayamba kuganiza kuti gululo linagwa kumwamba.

Pali nthano imene ambiri tinaimva tili ana. Mleme atamwalira, uthenga unapita kwa mbalame. Zitafika zinasuzumira m'kamwa mwake, zinaona mano, zinaona makutu ndi ubweya, nkunena kuti ameneyu si wathu, kauzeni mbewa. Mbewa nazo zitaona mapiko zinabwerera, ndipo mleme anasowa womuika. Kamnyamaka kavutitsa anthu kulikonse. Buku la Levitiko limatchula mleme pa mndandanda wa zouluka zosayenera kudyedwa, pamodzi ndi mbalame. Carl Linnaeus wa ku Sweden, amene anayambitsa dongosolo la mayina awiri limene sayansi ikugwiritsabe ntchito, anauika m'gulu limodzi ndi anyani ndi anthu. Lero uli m'gulu lakelake la nyama zoyamwitsa. Pa zonsezi mleme weniweni sunasiye kugona chadodolido kapena kusaka tizilombo usiku. Koma nthano ija siinkanena za mleme weniweni. Agogo ankatichenjeza za munthu.

Linnaeus yemweyo ndiye amandithandiza kuona pamene zinthu zimapotokera. Mu 1735, m'buku lake la Systema Naturae, anaika namgumi pakati pa nsomba. Pofika mu 1758 anali atamuchotsako, chifukwa namgumi amapuma mpweya ndi mapapo ndipo amayamwitsa. Umboni unamukakamiza, iye nkugonja. Koma m'buku lomwelo anagawa anthu m'magulu anayi motengera makontinenti ndi khungu, ndipo mu 1758 anawonjezerapo makhalidwe: a ku Ulaya anawalemba ngati anzeru, a ku Africa ngati aulesi ndi achinyengo ongotsata zofuna za mtima. Munthuyu sanapondepo mu Africa. Za namgumi zinachokera kwa anthu amene anamutumbula nkuona za m'kati, za Mwafirika zinachokera m'nkhani za apaulendo pa nthawi imene zombo zinali kalikiriki kunyamula akapolo. Zonse ziwiri zinalembedwa m'Chilatini chimodzi, m'mizere yooneka yaulemu mofanana, ndipo owerenga anazikhulupirira mofanana. Panapita zaka zoposa 200 kuti Richard Lewontin, mu 1972, aonetse kuti pafupifupi magawo 85 pa 100 a kusiyana kwa chibadwa cha anthu amapezeka m'kati mwa gulu limodzi, osati pakati pa magulu akuluakulu aja.

Kumene maganizo otere anafika pachimake ndi ku South Africa. Lamulo la Population Registration Act la 1950 linkafuna kuti munthu aliyense alembedwe m'kaundula ngati mzungu, wakuda kapena mkaladi, ndipo pambuyo pake Amwenye anakhala ndi gulu lawo. Gulu lako ndilo linkanena kumene ukhale, sukulu imene uphunzire, munthu amene ungakwatirane naye, benchi imene ungakhalepo. Pokhala kuti anthu sabadwa motsatira kaundula, panali mabungwe ogamula milandu ya okayikitsa, ndipo nthawi zina ankasomeka pensulo m'tsitsi la munthu kuti aone ngati igwe. Chaka ndi chaka nyumba ya malamulo inkauzidwa kuti ndi angati amene asamutsidwa kuchoka m'gulu ili kupita m'gulu ilo.

Sandra Laing anabadwa mu 1955 ku Piet Retief kwa makolo achizungu, koma khungu lake linali loderako ndipo tsitsi linali lopotana. Ali ndi zaka 10 anachotsedwa pasukulu ya azungu, apolisi nkumuperekeza kwawo, ndipo boma linamulemba kuti ndi mkaladi. Bambo ake analimbana nazo mpaka lamulo litasinthidwa iye anabwezeredwa m'gulu la azungu, koma anthu a m'gululo sanamulandire. Atakula anathawa ndi mwamuna wakuda, bambo ake nkumukana, ndipo pambuyo pake anachita kupempha yekha kuti amuchotse pa uzungu, poopa kuti lamulo limulekanitsa ndi ana ake. Nkhani imeneyi ndikaiganizira ndimakumbukira saka uja. Nsomba itakana kukwanira m'gulu, akatswiri anafufuta mzere. Mwana atakana kukwanira, boma linasunga mzere nkuthyola mwanayo.

Za ku Rwanda n'zodziwika. Atsamunda a ku Belgium m'zaka za m'ma 1930 analemba pa ziphaso kuti uyu ndi Mhutu, uyu Mtutsi, uyu Mtwa, nkuumitsa malire amene kale munthu ankatha kuwoloka. Mu 1994 ziphaso zomwezo ndizo zinkafunsidwa pa zipata za m'misewu.

Kusiyana kwakukulu kwa nsomba ndi munthu n'kwakuti nsomba siimva dzina limene waipatsa. Lidole silinasinthe kasambiridwe pamene linachoka mu Tilapia. Munthu amamva. Ukamuuza kuyambira ali mwana kuti anthu a mtundu wake ndi aulesi, kapena ndi ankhanza, kapena ndi anzeru kuposa ena, mawuwo amamulowa, ndipo aphunzitsi, mabwana ndi apongozi amayamba kumuona kudzera m'mawuwo. Pakapita mibadwo iwiri gulu lija limaoneka ngati loona, chifukwa anthu adzipinda kuti akwaniremo. Timati ikaola imodzi zaola zonse, ndipo pa dengu la usipa n'zoonadi. Mwambiwu ukanenedwa za anthu a boma linalake kapena chipembedzo chinachake, ndimachita mantha.

Kwathu kuno nako mizere ilipo, ndipo yambiri si yakale monga timaganizira. Anthu amene anawoloka kuchokera ku Mozambique kudzagwira ntchito m'maesiteti a ku Thyolo, Mulanje ndi Chiradzulu anali Amihavani, Amanyawa, Atakhwani, Akokhola ndi ena, aliyense ndi kayankhulidwe kake. Atsamunda ndi anansi anawaphatikiza onse pa dzina limodzi lonyoza la Anguru. M'zaka za m'ma 1940 Lewis Bandawe ndi anzake anapanga bungwe nkuumiriza boma kuti lisiye dzinalo, lizilemba kuti Alomwe. Nkhani imeneyi ndimaikonda chifukwa anthu anagwira okha cholembera. Komanso imaonetsa kuti gulu limene lero timaliona ngati la kalekale linaumbidwa pa nthawi yodziwika, ndi anthu odziwika, pa zifukwa zodziwika. Chiyankhulo chimene ndikulembachi chinkatchedwa Chinyanja m'mabuku mpaka mu 1968, ndipo ku Zambia ndi ku Mozambique chidakatchedwabe choncho. Achewa, Amang'anja ndi Anyanja, amene kalembera amawawerenga payekhapayekha, onse amaloza ku Maravi.

Kalembera wa 2018 anapeza anthu oposa 17.5 miliyoni, ndipo anafunsa aliyense mtundu wake: Achewa pafupifupi 34 pa 100, Alomwe 19, Ayao 13, Angoni 10, Atumbuka 9, ena nkumatsatira. Manambalawa amaoneka aukhondo. Koma taganizirani mwana wobadwira ku Ndirande, bambo ake Mchewa wa ku Dowa, mayi ake Mtumbuka wa ku Rumphi. Pa mwambo wa Chichewa mwana ndi wa kuchikazi, mbumba ya amalume ake, choncho a ku Dowa akhoza kunena kuti kwawo ndi kwa mayi ake. Pa mwambo wa Chitumbuka mwana amatsata bambo, choncho a ku Rumphi akhoza kumulozera ku Dowa. Mukatembenuza, bambo Mtumbuka mayi Mchewa, mbali zonse ziwiri zimamuyesa wawo. Ana awiriwa magazi awo ndi osakanikirana mofanana, amayankhula Chichewa cha m'tauni chomwecho, amachemerera timu imodzi, koma wina ali ndi kwawo kuwiri pamene wina akhoza kusowa ndi kumodzi komwe. M'mabanja ambiri chikondi chimakonza zimenezi mwakachetechete. Zimadzaonekera pa maliro, pogawa munda, ndi pa fomu imene ili ndi kabokosi kamodzi.

Fomu ikafunsa boma lochokera, mwana wa ku Ndirande uja amalemba dzina la boma limene mwina analiona kawiri pa tchuthi. Ndipo yankho limenelo lakhala likulemera. Mu 1989 aphunzitsi analamulidwa kuti akaphunzitse ku zigawo za kwawo, ndipo mabanja anasamuka mwadzidzidzi. Ndondomeko ya kota posankha ophunzira a ku yunivesite inayamba chakumapeto kwa zaka za m'ma 1980, khoti linaikana mu 1993, inabwereranso mu 2009, ndipo mu 2020 boma linalengeza kuti yathetsedwa. Oikira kumbuyo kota anali ndi mfundo yosati nkuinyoza, yakuti maboma ena anatsalira pa maphunziro chifukwa sukulu za mishoni sizinafike mofanana konsekonse. Koma muyesowo unkayeza kumene agogo a mwana anabadwira, osati sukulu imene mwanayo anakhalamo. Mwana wa bwana wophunzira pasukulu yodula mumzinda ankatha kulowera pa malo a boma losauka, pamene mwana wa mlimi amene anakhoza bwino ankatsala chifukwa boma lake lachulukitsa okhoza. Funso linali la umphawi ndi mwayi, koma gulu limene linasankhidwa linkayankha funso la makolo.

Apa ndi pamene mtima wanga umagawikana. Popanda kuwerenga anthu m'magulu sungaone tsankho. Ngati sitilemba kuti atsikana ndi angati ndipo anyamata ndi angati m'Fomu 4, sitidzadziwa kuti atsikana akuthera m'njira, monga momwe sitikanadziwira za lidole. Dziko la South Africa linathetsa lamulo la kaundula lija mu 1991, koma mpaka lero limafunsabe magulu omwewo pa mafomu a ntchito pofuna kuona ngati amene ankaponderezedwa akupeza mwayi, ndipo kumeneko anthu amakangana ngati zimenezi zikuchiza bala kapena zikulitosa. Tanzania inasankha njira ina. Kuchokera pa kalembera wa 1967, boma silinafunsenso mtundu wa munthu, ndipo andale a kumeneko alibe manambala owerengera mavoti a mafuko. Rwanda inachotsa mtundu pa ziphaso pambuyo pa 1994. Dziko lililonse linaluza kenakake pa chisankho chake.

Ife timafunsa, ndipo manambala akatuluka amathera kwambiri pakamwa pa anthu owerengera kuti chigawo chiti chingapambanitse ndani pa chisankho. Sindinaonepo chipatala kapena mjigo umene unamangidwa chifukwa chodziwa kuchuluka kwa Angoni. Za chiyankhulo n'zomveka, chifukwa mphunzitsi wa Sitandade 1 ku Chitipa kapena ku Nsanje ayenera kudziwa chimene ana amayankhula kunyumba, ndipo boma liyenera kusindikiza mabuku moganizira zimenezo. Koma limenelo ndi funso lina, lokhala ndi ntchito yooneka.

Kalembera wathu amachitika pafupifupi zaka 10 zilizonse, ndiye wina akubwera. Ndikanakonda kuti asanasindikize mafomu, okonza anene poyera chimene akufuna kuchita ndi yankho la funso la mtundu, ndipo ngati ntchito yake ilipodi, alole munthu kuchonga mabokosi awiri kapena atatu, kapena kunena kuti ndi Mmalawi nkulekera pomwepo. Ana obadwa m'mabanja osakanikirana akuchulukirachulukira ku Lilongwe, Blantyre, Mzuzu ndi Zomba, ndipo wowerenga akafika pakhomo nkufunsa mtundu wa mwana, m'nyumba zambiri bambo ndi mayi adzayamba ayang'anizana asanayankhe.